Kuona Maso a Nkhono n'Kudekha

Malume anga anali wojambula zithunzi. Ndikunena za zaka zija pamene kamera inali chinthu chosowa, moti mudzi wonse unkatha kusamba ndi kudzola mafuta chifukwa cha munthu mmodzi amene watulukira pa njinga atakoleka kachikwama kachikopa m'khosi. Kwathu ndi kufupi ndi Ulongwe, m'mbali mwa msewu wochokera ku Liwonde kupita ku Mangochi. Pamene ndinkabadwa dera lathu linali m'boma la Machinga, lomwe akuluakulu ankalitchulabe kuti Kasupe. M'chaka cha 1998 bomali analigawa pawiri ndipo ife tinagwera ku Balaka. Koma njinga ya malume sinkadziwa malire. Lolemba inkaoneka pa Balaka, Lachitatu yaoloka Shire pa Liwonde, pofika Loweruka ili ku Nsanama kapena ku Ntaja, kumene kunali ukwati kapena anyamata akutuluka ku ndagala.

Pa tchuthi ine ndinali wonyamula chikwama. Ntchito yanga inali kulemba m'kope mayina a ojambulitsa ndi kulandira theka la ndalama. Theka linalo ankapereka chithunzi chikabwera kuchokera ku Limbe kumene malume ankakatsukitsa filimu. Filimu imodzi inkakhala ndi zithunzi 36 zokha, tsono malume sankatabwanya kamera mwachisawawa. Ankayamba azungulira bwalo, kuyang'ana kumwamba, kusuntha mpando, kenako n'kukhala pansi kumacheza ndi eni nyumba ngati aiwala chimene abwerera. Tsiku lina nditatopa ndi kudikira ndinawafunsa chimene tinkachedwera.

"Mphwanga," anatero, "dzuwa la pamutu ndi mdani wa nkhope ya munthu wakuda. Ukamujambula masana, maso amalowa m'maenje, malaya okha n'kumawala. Dikira lipendeke, kapena umuimike pamthunzi wa mango ayang'ane kumene kukuchokera kuwala. Ndiponso munthu akangoona kamera amauma ngati chitsa. Umusiye atope nako kuuma, nkhope yake yeniyeni ibwerere."

Kope lija ndikali nalo. Muli mayina a anthu ojambulitsa pa Khirisimasi, pa Idi, pa ubatizo ndi pa chinkhoswe. Koma mukafika pa Disembala 2001 mupeza kuti masamba ndi oyera mpaka cha mu Meyi 2002. Imeneyo inali miyezi ya njala. Tinadya madeya, tinadya mango osakhwima ophika, ena anakumba zitsa za nthochi. Mu Febuluwale 2002 mtsogoleri wa dziko pa nthawiyo, a Bakili Muluzi, omwe kwawo ndi ku Machinga komweku, analengeza kuti dziko lili pa ngozi ya njala. M'mwezi womwewo kolera inalowa m'mudzi mwathu ndipo inatenga mng'ono wanga, mwana wa zaka 9. Chithunzi chake chokha chimene tili nacho ndi cha pa Khirisimasi ya 2000, masaya ali phwii, akuseka. Mwana amene tinamuika m'manda sanali kuoneka choncho.

Patapita zaka ndinawafunsa malume chifukwa chimene sanajambule kanthu chaka chimenecho, poti kamera anali nayo ndipo filimu imodzi inali itatsala m'chikwama. Anandiyang'ana nthawi yaitali. "Munthu sajambulitsa ali ndi njala," anayankha. "Nanga ine ndikanaimirira bwanji pamaso pa mnansi wanga, nthiti zili pamtunda, n'kumusuzumira pagalasi? Kumeneko n'kumuvula." Ndinawamvetsa, komabe mtima sunakhazikike. Ngati kujambula wanjala kuli kumuvula, ndiye kuti chaka chimene chinatipweteka koposa chidzakhala chopanda mboni, ndipo ana athu adzaona zithunzi za maukwati zokhazokha n'kumayesa kuti tinkangovina. Funso limeneli ndinakhala nalo zaka 17, kufikira tsiku limene ndinaona ntchito ya Mngerezi wina dzina lake Dick Pope.

Ndisanafike kwa iye, ndi bwino tikumbutsane kuti kamera si mlendo wa dzulo m'chigwa cha Shire. Pa ulendo wa David Livingstone womwe unayamba mu 1858, mnzake John Kirk anali ndi kamera. Awiriwa anafika ku nyanja ya Chilwa mu Epulo 1859, ndipo mu Seputembala chaka chomwecho anatsata Shire mpaka kukafika ku nyanja ya Malawi, kudutsa dziko lomwe lero ndi Machinga, Balaka ndi Mangochi. Mapiri amene timawaona kuzambwe kwa Balaka amatchedwa ndi dzina la Kirk mpaka lero. Kamera za nthawi imeneyo zinkafuna kuti chojambulidwa chikhale chosagwedezeka kwa nthawi yaitali, n'chifukwa chake zambiri mwa zithunzi za Kirk ndi za mitengo, nyumba ndi maboti. Dziko linajambulidwa, eni dziko sanaoneke kwenikweni.

Zithunzi zoyenda zitafika, eni dziko anayamba kuoneka, koma ngati ana a sukulu. Mu 1939 boma la Britain linakhazikitsa nthambi yopanga mafilimu a anthu a m'maiko a atsamunda, ndipo mtsogoleri wake, William Sellers, anali ndi malamulo ake a kajambulidwe. Iye ankaphunzitsa kuti munthu wa ku Africa amasokonezeka kamera ikamayendayenda kapena chithunzi chikamasinthasintha, kotero filimu yake iyenera kukhala yapang'onopang'ono, kamera itaima malo amodzi. Mu 1948 ku Salisbury, komwe lero ndi Harare, kunakhazikitsidwa bungwe la Central African Film Unit lopanga mafilimu oonetsa ku Nyasaland ndi ku maiko awiri a Rhodesia. Nkhani zake zambiri zinali za anthu awiri, wina wanzeru womvera mlangizi ndi wina wopusa wokakamira za makolo. Magalimoto ankazungulira nazo m'midzi, wotanthauzira ali pa chimkuzamawu. Titalandira ufulu mu 1964 magalimoto aja sanaleke kubwera; ine ndinawapeza, ndipo filimu yanga yoyamba ndinaionera pa bwalo la mpira, nsalu yoyera itamangidwa pa mitengo iwiri. Wailesi ya kanema ya dziko lino inadzatsegulidwa mu 1999, ndipo ku Balaka ansembe a chipani cha Montfort anatsegula Luntha TV mu 2007. Pakati pa zaka zimenezi maso athu analeredwa ndi timanyumba ta vidiyo ta pa Liwonde ndi pa Balaka, momwe tinkalipira makobiri kuti tione nkhonya za ku Hong Kong ndi ufiti wa ku Nigeria. M'zonsezi palibe amene anatiuza kuti kuseri kwa chithunzi chilichonse kuli munthu amene anasankha poima, nthawi yojambula ndi mbali yochokera kuwala.

Munthu ameneyo pa Chingerezi amamutcha cinematographer. Si iye mwini nkhani, ndiponso si iye amauza ochita sewero zoyankhula. Imeneyo ndi ntchito ya wotsogolera filimu. Iye udindo wake ndi kuwala, mthunzi, mtundu ndi malire a chithunzi: chilowe n'chiyani, chitsale kunja n'chiyani, kamera iyandikire pati, ileke pati. Kunena mwachidule, ndi ntchito yomwe ija malume ankachita pozungulira bwalo, kungoti apa zithunzi zake zimakhala 24 pa sekondi iliyonse.

Dick Pope anabadwira ku Bromley, kufupi ndi London, mu 1947. Ntchito anaiyambira pansi penipeni, m'nyumba yotsukira mafilimu ya kampani ya Pathé, kumene anaphunzira zimene mankhwala amachita pa filimu asanaloledwe kugwira kamera yaikulu. Kuchokera apo analowa m'magulu ojambula nkhani zenizeni za pa wailesi ya kanema, monga World in Action, pulogalamu yofufuza nkhani zovuta, ndi Disappearing World, yomwe inkajambula miyoyo ya mitundu ya anthu a kumadera akutali. Sukulu imeneyi ndi yowawa. Wojambula nkhani zenizeni alibe mwayi wouza munthu kuti abwereze kulira. Alibe nyali zambiri. Amagwiritsa ntchito kuwala kumene wakupeza, ndipo amayenera kukhala pakati pa anthu mpaka aiwale kuti iye alipo. Chizolowezi chimenechi sanachisiye ngakhale atatchuka. Ojambula akuluakulu ambiri amakhala pambali n'kumalamula wina kugwira kamera, koma Pope ankakonda kuika diso lake pagalasi yekha.

Dzina lake linamveka chifukwa cha ubwenzi wake ndi wotsogolera mafilimu wotchedwa Mike Leigh. Anayamba kugwirira limodzi ntchito pa filimu ya Life Is Sweet ya mu 1990, ndipo anapitiriza mpaka pa Hard Truths ya mu 2024, mafilimu oposa 10 m'zaka zoposa 30. Leigh sayamba ndi nkhani yolembedwa kale. Amasonkhanitsa ochita sewero n'kukhala nawo miyezi yambiri akuumba anthu a m'nkhani, ndipo nkhaniyo imaphuka pang'onopang'ono. Wojambula wogwira ntchito ndi munthu wotere ayenera kukhala wodekha, chifukwa sadziwiratu kumene nkhani ikupita. Anthu a m'mafilimu amenewa si mafumu kapena akatswiri a nkhonya. Ndi oyendetsa matakisi, ogwira ntchito m'mafakitale, amayi osesa m'nyumba za ena, anthu okhala m'tizipinda topanikiza. Pope anakhala zaka zambiri akuphunzira kuyang'ana nkhope ya munthu wamba ili m'khitchini.

Sikuti anali ndi kajambulidwe kamodzi kokha. Pa filimu ya Naked ya mu 1993, yonena za munthu wowawidwa mtima woyendayenda usiku mu London, iye anadumphitsa dala gawo lina la katsukidwe ka filimu kuti siliva atsalire, kotero mitundu inazilala ndipo mdima unada bii, mzinda wonse n'kuoneka wozizira ngati chitsulo. Pa Vera Drake ya mu 2004, nkhani ya mu 1950, anasankha mitundu yakuda ndi yotuwa yofanana ndi makoma a nyumba za amphawi nkhondo itangotha. Pa Another Year ya mu 2010 nkhani inagawidwa m'nyengo zinayi za chaka, ndipo nyengo iliyonse anaipatsa kuwala kwakekwake. Pa Mr. Turner ya mu 2014, mbiri ya katswiri wopenta zithunzi J.M.W. Turner, anakaphunzira utoto umene mkuluyo ankagwiritsa ntchito n'cholinga choti filimu yonse ioneke ngati yatuluka m'manja mwake. Filimu imeneyi, pamodzi ndi The Illusionist ya mu 2006, inamuika pa mndandanda wa opikisana pa mphotho ya Oscar, ngakhale maulendo onse awiri sanaitenge. Ku Poland, kumene kumachitika chikondwerero cha ojambula okhaokha chotchedwa Camerimage, analandira mphotho yaikulu ya chule wa golide mu 1996 ndi mu 2004.

Koma ngati mufuna kudziwa mtima wa munthuyu, onerani Secrets & Lies ya mu 1996, yomwe inapambana mphotho yaikulu ku Cannes. Mtsikana wachikuda woleredwa ndi makolo ena akufunafuna mayi wake womubereka, ndipo akupeza kuti ndi mzungu wosauka. Awiriwa akumana m'nyumba yomwera tiyi n'kukhala pa mpando umodzi. Kwa mphindi zoposa 7 kamera siyenda, chithunzi sichidulidwa. Mayi uja akukana, akuseka mwamanyazi, kenako chikumbumtima chikumugwera ndipo nkhope yake ikusweka ife tikuona. Nkhope ziwiri, yakuda ndi yoyera, zili m'chithunzi chimodzi ndipo zonse zikuoneka bwinobwino. Ichi si chinthu chapafupi. Kwa zaka zambiri makampani opanga filimu, monga Kodak, ankayeza mitundu pogwiritsa ntchito chithunzi cha mkazi wachizungu, moti khungu lakuda linkafuna luso lapadera kuti lisamire mu mdima. Malume ankalimbana ndi vuto lomweli pansi pa mitengo ya mango osadziwa kumene linachokera. M'filimu yomweyi mulinso mlongo wake wa mayi uja, yemwe ntchito yake ndi kujambula maukwati ndi mabanja mu situdiyo, kunyengerera anthu kuti amwetulire. Nditamuona ndinaseka ndekha, chifukwa anali malume enieni atavala khungu lina.

Apa mpamene ndinazindikira kuti kamera yoima ili mitundu iwiri. Ya Sellers inkaima chifukwa chopeputsa woonera, poganiza kuti mutu wake sungatsate zinthu zothamanga. Ya Pope inkaima chifukwa cholemekeza wojambulidwa, pomupatsa nthawi yoti chimene chili mumtima chifike pankhope. Kunja zimafanana, koma mitima yake ndi yotalikirana ngati Chikala ndi nyanja ya mchere. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha.

Mu 2017 munthu ameneyu, ali ndi zaka 70, anafika ku Wimbe m'boma la Kasungu. Chiwetel Ejiofor, katswiri wa mafilimu wobadwira ku London kwa makolo a ku Nigeria, anali atasankha kutsogolera filimu yake yoyamba yaitali kuchokera m'buku la William Kamkwamba ndi Bryan Mealer la mu 2009, lonena za mnyamata amene analeka sukulu chifukwa chosowa fizi m'chaka cha njala, n'kupanga makina oyendera mphepo pogwiritsa ntchito zitsulo zotola ndi njinga ya bambo ake. Akanatha kukajambulira ku South Africa kapena ku Kenya kumene zipangizo n'zosasowa, koma anasankha dera lomwe nkhaniyo inachitikira. Filimuyi, The Boy Who Harnessed the Wind, inaonetsedwa koyamba ku chikondwerero cha Sundance ku America mu Januwale 2019, ndipo pa 1 Malichi chaka chomwecho inatuluka pa Netflix.

Ine ndinaionera pa Balaka, pa kompyuta ya m'manja ya mnzanga wina wophunzitsa, ndipo Loweruka lotsatira ndinaibwereka n'kupita nayo kumudzi. Malume anali atakalamba, njinga anaipachika kalekale chifukwa mafoni anawalanda msika. Tinatseka chitseko kuti muchite mdima, tinaika kompyuta pa mtondo wovundikira, n'kukhala pamphasa.

Filimuyi anaigawa m'zigawo zokhala ndi mitu ya Chichewa: Kufesa, Kukula, Kukolola, Njala, Mphepo. Munthu amene anajambulapo nyengo zinayi za ku England anadzapeza kuno nyengo zathu, ndipo anazilemba ndi mitundu. Kumayambiriro dziko ndi lobiriwira, mvula ikugwa mpaka minda kusefukira, yunifolomu ya mnyamata ili yowala. Pamene nkhani ikupita, kubiriwira kuja kukutha pang'onopang'ono mosakuuza, mpaka utazindikira kuti chatsala ndi dothi lofiira, fumbi ndi thambo loyera mbee lopanda mtambo. Palibe amene akufunika kunena kuti njala yafika. Maso ako aiona kale. Malume anagwedeza mutu n'kunena kuti, "Ameneyu amadziwa kudikira dzuwa."

M'nyumba namo anachita zomwe malume ankaphunzitsa. Nyumba ya kumudzi ndi yamdima, kuwala kumalowera pakhomo ndi pa kazenera, ndipo usiku kumachokera pa nyali. Wojambula wosadziwa amathira nyali zamphamvu mpaka nyumba ya udzu kuoneka ngati sitolo ya m'tauni, kapena amasiya mdima kuti anthu asanduke zithunzithunzi zopanda nkhope. Pope anasunga mdima wa nyumba zathu, koma nkhope iliyonse anaipezera kuwala kokwanira kuti uone maso. Pamene banja lagwirizana zodya kamodzi patsiku n'kukhala mozungulira kansima kamodzi, kamera siithamangira m'mbale kukawerenga nthongo. Ikhala pa nkhope: bambo amene akuchita manyazi kuti walephera kudyetsa ana ake, mayi amene akuyeza ndi maso chimene aliyense watapa, mtsikana amene mumtima wayamba kale kuganiza zothawa. Ndiponso kamera ili pa msinkhu wa anthu okhala pansi, ngati mlendo amene wapatsidwa mphasa, osati ngati munthu woimirira pakhomo amene akuwayang'anira pansi.

Pali pamene kamera ikuthamanga. Anthu akukankhana pa depoti yogulitsira chimanga, ndipo chithunzi chikugwedezeka pakati pa zigongono ndi matumba, monga ankachitira Pope pa ntchito yake ya unyamata. Pamenepo malume anatembenukira kukhoma, pakuti mzere wotero anauimapo masiku atatu n'kubwerako chimanjamanja. Koma chipwirikiti chikatha kamera ibwerera pa kudekha kwake. Galu wa mnyamata uja akafa ndi njala, sitionetsedwa zonyansa. Tionetsedwa mwana amene wataya bwenzi. Ndipo kawirikawiri chithunzi chimatambasuka, munthu n'kukhala kakang'ono pakati pa munda wouma ndi thambo lalikulu, kuti tione kukula kwa chimene akulimbana nacho.

Filimu itatha tinakhala chete. Kenako ndinabwereza funso langa lakale, ngati akuonabe kuti kujambula wanjala n'kumuvula. Malume anati, "Uyu sanajambule njala, mphwanga. Wajambula anthu, njala n'kuwapeza ali m'chithunzi kale. Tinayamba tawadziwa akudya, akukangana, akupita kusukulu. Pamene akuvutika tikuvutika nawo chifukwa ndi abale athu. Amene amavula munthu ndi uja amafika tsiku limodzi, n'kufunsa kuti mwana woonda kwambiri ali kuti." Mawu amenewa ndi amene anamasula mfundo yanga. Zithunzi za njala zimene dziko lapansi linazolowera kuona kuchokera ku Africa ndi za mimba zotupa ndi ntchentche m'maso, anthu opanda mayina, opanda dzulo. Zimagwira ntchito yopemphera thandizo, koma palibe amene angazipachike pakhoma n'kunena kuti awa ndi amayi anga.

Sindikufuna kuti muganize kuti filimuyi ilibe zilema. Mlendo amadza ndi kalumo kakuthwa, komabe sadziwa pamene pali chipsera. Amalawi ambiri anadandaula ndi Chichewa cha ochita sewero, ndipo anali ndi chifukwa: Ejiofor anachita kuphunzira, mnyamata wosewera William, Maxwell Simba, ndi wa ku Kenya, ndipo mayi wake m'filimu, Aïssa Maïga, anabadwira ku Senegal. Lilime la Lily Banda, mwana wa kuno, limamveka losiyana ndi anzake. Nkhani nayo anaikonza kuti ikome: makina oyamba a William anayatsa mababu m'nyumba ya makolo ake, zopopa madzi zinabwera pambuyo pake, pamene m'filimu makinawo akupulumutsa mudzi ndi madzi nthawi yomweyo. Ndiponso kuwala kwa Pope nthawi zina n'kokongola kuposa chaka chimene ine ndikuchikumbukira. Njala ili ndi fungo, ili ndi ulesi wa thupi, ili ndi chete wa mudzi umene ana aleka kusewera. Zimenezi kamera iliyonse imazilephera.

Chilema chachikulu kwa ine si cha Pope ayi, ndi chathu. Dziko la m'filimuyi ndi Kasungu: chigwa chokwera cha fodya, cha Gule Wamkulu amene akuoneka pa maliro m'nkhaniyi. Kwathu kuno n'kosiyana. Kuno ndi kwa malambe ndi thonje, kotentha, kumene kuwala kwa Okutobala kumachita nthunzi pamwamba pa Shire ndipo phiri la Chinguni limaoneka ngati likuyandama. Kuno belu la tchalitchi ndi kuitana kwa ku mzikiti zimamveka m'mawa umodzi, ndipo maliro a chaka chija tinkawalira m'Chiyao ndi m'Chichewa. Njala ya ku Machinga ndi Balaka ilibe chithunzi mpaka lero. Ndinalira poonera nkhani ya ku Wimbe chifukwa ndi yokhayo imene inayandikira, monga mwana wamasiye amalira pa maliro a mayi wa mnzake.

Sikuti Amalawi sagwira kamera. Filimu ya Shemu Joyah ya Seasons of a Life, yomwe inajambulidwa ndi Peter Mazunda, inatuluka zaka pafupifupi 10 Pope asanafike kuno, ndipo Tapiwa Gwaza analandira nayo mphotho ya mafilimu a mu Africa mu 2010. Joyah anabweranso ndi The Last Fishing Boat mu 2012, nkhani ya kunyanja ku Mangochi, ndi The Road to Sunrise mu 2017. Koma tikamakamba za mafilimu amenewa timatchula wotsogolera ndi ochita sewero, dzina la wojambula n'kulisiya lidutse pamapeto anthu akutuluka. Ife olemba ndiye tili ndi mlandu waukulu, pakuti timadziwa kuyamikira mwambi wokhala pamalo pake koma sitinaphunzire kuyamikira kuwala kokhala pamalo pake.

Lero kamera ili m'thumba la aliyense. Namondwe wa Freddy atagwa mu Malichi 2023, ndiponso chilala cha 2024 chitaumitsa chimanga m'minda ya Balaka ndi Machinga, zithunzi zinayenda pa WhatsApp ndi pa Facebook tsiku lomwelo. Zina mwa izo zinali mitembo yosafunditsidwa ndi amayi olira atawayandikiza foni kukamwa. Malume anakana kujambula poopa kuvula mnansi; adzukulu awo akujambula chilichonse osapempha n'komwe. Pakati pa awiriwa pali njira imene Mngerezi uja anayendamo, ndipo si ya zipangizo zodula. Ndi ya kufika msanga ndi kukhalitsa, kudziwa dzina la munthu usanamuloze ndi galasi, kukhala pansi pamene iye wakhala pansi, ndi kudikira mpaka nkhope yake ibwerere.

Dick Pope anamwalira mu Okutobala 2024 ali ndi zaka 77, patangopita milungu yochepa filimu yake yomaliza ndi Mike Leigh itaonetsedwa koyamba. Nditawauza malume, anafunsa ngati munthuyo anasiya ana a ntchito, ndiko kuti anthu amene anawaphunzitsa. Kenako analowa m'nyumba n'kutuluka ndi kachikwama kachikopa kaja. Kamera inali momwemo, ndipo pambali pake panali filimu ija yomwe inatsala mu 2001, ikali m'kabokosi kake kosatsegula. Inatha mphamvu kalekale, singajambulenso kanthu. Anandipatsa zonse ziwiri.

Kamerayo ndinaipereka kwa mwana wa mlongo wanga, mtsikana amene amajambula maukwati ndi foni pa Liwonde, kuti aziiona pamene akuphunzira ntchito. Filimuyo ndinaisunga ine. Ili m'kope lija, pakati pa masamba oyera a Disembala 2001 ndi Meyi 2002, pamodzi ndi chithunzi cha mng'ono wanga akuseka.